Mafirizesi a Tiyi ndi Bwemba Amene Anandichotsa Pakhomo

Tiyamike, sabata yatha unandiimbira foni kufunsa kapangidwe ka mafirizesi a tiyi, uti wagula firiji ndipo ukufuna uzigulitsa pa sukulu ya pafupi ndi kwanuko. Ndinakuyankha mwachidule, iwe n'kuganiza kuti ndakwiya. Sindinakwiye ayi, ndinangotopa. Pali nkhani zina ukangozitchula msana umayamba kuwawa wokha. Ndiye ndati ndilembe, muwerenge iwe ndi mng'ono wako Chisomo, chifukwa nkhani ya mafirizesi amenewa ndi yomweyonso ya chimene munakulira opanda mayi pakhomo. Za ubwana wanga sindilemba. Kunali kulima nandolo ndi kutunga madzi, ngati mtsikana wina aliyense wa ku Magomero.

Ku Boma, 1989

Ntchito yanga yoyamba, yomwenso ndinapumira, inali m'makantini a bungwe lina la alimi. Bungwelo linali ndi malo ogulira mbewu m'madera angapo a Chiradzulu, ndipo pamalo aliwonse panali kakantini kogulitsa tiyi, masikono ndi mpunga wa nyemba kwa anthu odikira sikelo. Ine anandiyambitsira pa Boma. Bwana wanga anali a Makwinja, bambo woumira amene ankanunkhiza masamba a tiyi ogwiritsa kale ntchito kuti amve ngati angaphikidwenso. Sanali munthu woipa, koma kutaya kanthu pamaso pawo kunali ngati kuwatukwana.

Vuto linkabwera m'chilimwe. Ikafika Okutobala, dzuwa likangokwera pang'ono palibe ankafunanso tiyi wotentha, ndipo ketulo yaikulu inkatsala yodzaza. A Makwinja ankaima pakhomo n'kumati, "Elube, tiyi ameneyu ukamutaya, ukamutole komwe wamutayako." Nthawi yomweyo juwisi wa m'mabotolo amene tinkasungunulira mafirizesi anasiya kubwera kuchokera ku Limbe, akuti galimoto yawonongeka, ndipo inakhala yowonongeka mpaka mvula. Firiji inali gwa, yopanda kanthu, tiyi ali tho m'ketulo. Tsiku lina ndinagula bwemba pamsika, n'kuviika, n'kusakaniza ndi tiyi wotsalayo, n'kuthira m'timapepala. Sikuti ndinali wanzeru, ndinkangothawa pakamwa pa bwana. Oyambawo anali owawa zedi. A Makwinja analuma imodzi, nkhope n'kukwinyika ngati alawa ndulu, koma anamaliza yonse poopa kutaya. Kenako anati, "Yesanso mawa. Shuga ndikupatsa, koma usandithere."

Ndinayesa mpaka zinakoma, ndipo kapangidwe kake ndi aka, Tiyamike. Madzi awire kwenikweni, usachite ulesi pamenepo, chifukwa wakumwayo ndi mwana wa munthu. Masamba a tiyi uwaike utaphula kale, ndipo asakhalitsemo. Tiyi wowirira amakoma m'kapu koma akauma amawawa. Shuga uthire tiyi akadali wotentha. Ukamuchulutsa mafirizesi sauma, amangokhala phalaphala, ndipo ukamuchepetsa amauma ngati mwala n'kusowa kukoma. Bwemba umuviike payekha m'madzi ofunda, umufinye ndi manja oyera, usefe ndi kansalu. Bwemba akasowa malambe amagwira ntchito, ndipo mango akayamba kupsa ufinyiremo angapo ndi ndimu limodzi. Udikire zonse zizizire usanasakanize. Pothira udule kukamwa kwa botolo kukhale fanulo, ndipo usadzaze pepala, chifukwa madzi akamauma amatupa. Chotsala ndi kumanga mfundo, ndipo pamenepo ndiye pali ntchito. Zala zanga zopindikazi sindinabadwe nazo, zinapindika ndi mfundo ndi kuzizira.

Abambo anu ndinawapeza pomwepo, pamzere wa sikelo. Ankagula firizesi imodzi n'kumaiyamwa pang'onopang'ono mpaka kukhala madzi, kuti apeze chifukwa choimira pawindo langa. Titakwatirana anakamanga kwathu ku Magomero monga mwa mwambo, n'kumalima munda wa amayi anga. Ine ndinkabwera kunyumba Loweruka lililonse.

Mauwa, 1995

Kenako anandisamutsira ku Mauwa, ati kumeneko kukufunika munthu wodziwa zoziziritsa. Chimene sanandiuze n'chakuti kunalibe magetsi. Ndinapeza firiji ya parafini, yakale, yoti uziisamala ngati wodwala. Chingwe chake chikatalika inkafuka utsi, ikapendekeka pang'ono inkasiya kuziziritsa, ndiye ndinkangokhalira kugwada n'kumaika timiyala kunsi kwa miyendo yake. Malo owumitsira anali ochepa, olowa mafirizesi osakwana ndi beseni lomwe. Parafini akasowa, ndipo ankasowa kawirikawiri, ndinkaika timapepala tanga mumtsuko wokutira ndi chiguduli chonyowa. Anthu odikirira odwala pachipatala cha pafupi ankagula pongosowa kochitira, n'kumandiseka kuti, "Mayi, awa si mafirizesi, ndi madzi a m'dambo."

Bwana wa kumeneko, mayi Chimwala, anali wokoma mtima koma wosaoneka. Sabata iliyonse anali ku msonkhano. Ndinkaphika ndekha, kugulitsa ndekha, kutsuka ndekha. Nyumba imene anandipatsa inali kachipinda kamodzi kuseri kwa kantini, theka lake matumba a ufa. Mwana sakanakhalamo. Iwe Tiyamike ndinakusiya kwa anganga ako, ndipo Chisomo atangosiya kuyamwa ndinamusiyanso komweko. Ndinkabwera pakutha pa mwezi, pa kabaza ndi pa minibasi, mvula ikagwa pena osabwera n'komwe. Chaka chilichonse ndinkapempha kuti andisamutsire kufupi ndi kwathu, chaka chilichonse ankati tiona. Chimene chinkandilimbitsa mtima n'chakuti amayi anga analipo, ndipo inu simunkagona ndi njala kapena ndi litsiro.

Kufupi ndi kwathu, 2002

Mayi amene ankagwira pa kantini ya pamsika wa m'mbali mwa msewu waukulu, kufupi ndi Magomero, atapuma ntchito, malo aja anandipatsa ine. Ndinasangalala ngati mwana. Kunali magetsi, ngakhale ankathimathima, ndi firiji yaikulu yogona, yotsekula cha pamwamba. Koposa zonse ndinkagona m'nyumba mwanga. M'mawa ndinkakusambitsani ndekha, madzulo n'kumamva zimene mwaphunzira. Zaka zitatu zimenezo ndi zokhazo zimene ndinakhala mayi wanu wa tsiku ndi tsiku.

Pamsika umenewo panali Asilamu ambiri ochita malonda, ndipo kantini yathu inkadyetsa onse. Mbuzi kapena nkhuku ya pa kantini inkazingidwa ndi Msilamu, ndipo nkhumba sinkafika n'komwe. Palibe analemba lamulo limenelo, aliyense ankangodziwa, ndiye panalibe chifukwa choti munthu afunse. Kutsidya kwa msewu kunali Abiti Saidi, mayi wogulitsa zitenje, wamkulu kwa ine, wa pakamwa pakuthwa. Tsiku loyamba kulawa mafirizesi anga anati, "Che Elube, tiyi amamwa wotentha. Uyu mwamuzunziranji chonchi?" Koma mawa lake anabweranso. Mwezi wa Ramazani, pamene anzathuwa amamanga osadya osamwa mpaka dzuwa kulowa, zaka zimenezo unkagwera m'chilimwe chenicheni. Dzuwa likapendeka Abiti ankabwera ndi beseni kudzatenga mafirizesi oti akamasulire banja lake, ena n'kukagawira amayi anzake ku mzikiti. Ankati akangomwa madzi n'kuluma firizesi ya bwemba, moyo umabwerera m'malo mwake.

Okutobala, 2005

Chaka chimenecho alimi sanakolole, sikelo inangokhala, ndipo kantini inayamba kulowa pansi. Anatitumizira bwana watsopano, a Matope, bambo wachinyamata amene anauzidwa kuti kantini ikapanda kupindula itsekedwa. Ankagwira ntchito molimbika, zimenezo sindingawanamizire. Pakati pa mwezi wa Ramazani amayi anga anamwalira, atangodwala masiku ochepa. Ndinasiya firiji yodzaza mafirizesi, a Matope n'kunena kuti azigulitsa okha. Ndinakhala kumaliro mpaka kusesa. Abiti anabwera pa tsiku loika, anakhala nafe padzuwa tsiku lonse osalawa ngakhale dontho la madzi.

Tsiku lobwerera ku ntchito ndinangotsekula firiji n'kumva fungo lachilendo. Pamwamba, m'kadengu ka waya, munali majumbo a nyama. Dzulo lake magetsi anali atathima nthawi yaitali, ndiye nyama inasungunuka, madzi ake ofiira n'kudonthera pa mafirizesi a pansi, magetsi atayaka n'kuumirana pamenepo. Ndinatsekula jumbo limodzi n'kuona chikopa ndi mafuta ake. Ndinaitana bwana.

"Bwana, iyi ndi nyama yanji?"

"Musakweze mawu, mayi. Ndi nkhumba. Ndikumaperekera anyamata a kanyenya kumalo omwera mowa kuja. Ndi imene yatilipira mwezi uno, inu ndi ine."

"Yalowa liti muno?"

"Tsiku lomwe munali kuika maliro. Tsukani timapepalato ndi madzi a sopo, basi. Zam'kati sizinakhudzidwe."

"Bwana, firizesi satsekula ndi mpeni. Munthu amaluma pepalalo ndi mano."

A Matope anakhala pa benchi n'kupukuta thukuta. Anati, "Mayi Elube, inenso ndili ndi ana. Kantini ino ikatsekedwa tonse tikalowera kuti? Mundipatse miyezi iwiri, ndigula kafiriji kena. Koma nkhaniyi ikatuluka, Asilamu onse atithawa, ndipo akuluakulu akandifunsa ndidzanena amene waitulutsa. Ku Mauwa malo alipobe, palibe akuwafuna." Sanakalipe ayi, analankhula ngati munthu wondichenjeza za dzenje la panjira.

Masana ndinathamangira kunyumba. Abambo anu anali pakhonde akusenda chinangwa, ndipo ndinawafotokozera zonse. Anati, "Amake Tiyamike, madzi akatayika sawoleka. Zimene anamwa anamwa, ndipo palibe wadwala. Amayi tawaika sabata yatha yomweyi. Mukapita ku Mauwa, ana awa muwasiyira ndani? Ine ndi munda, ine ndi maganyu, ine ndi mphika?" Sanalakwe ngakhale pang'ono. Pobwerera ndinkaganiza zonama kuti magetsi aononga zonse. Koma bodza limenelo likanagwira tsiku limodzi. Mawa lake nkhumba ikanakhala ili momwemo, ndipo ine ndikanakana kugulitsa, a Matope akanagulitsa okha. Ndinakwiyira a Matope, ndinakwiyira magetsi, ndinakwiyira ngakhale amayi anga chifukwa chomwalira nthawi imeneyo. Ndinafika pa kantini ndisanadziwe chochita.

Dzuwa litapendeka ndinaona Abiti akuwoloka msewu ndi beseni lake. Milomo yawo inali yoyera ndi ludzu. Anandipatsa moni wa maliro, kenako anati, "Che Elube, ndisankhireni owuma kwambiri. Lero dzuwa latiphika amoyo." Ndinali nditatsuka kale mulu wina monga anandiuzira bwana, uli pambali m'ndowa. Ndikanangotambasula dzanja. Ndinayang'ana milomo ija, n'kuganiza kuti munthuyu wapirira tsiku lonse chifukwa cha Mulungu wake, ndipo chinthu choyamba kuluma chikhale pepala limenelo. Dzanja langa linakana.

"Abiti, lero sindikupatsani. M'firiji muno muli nkhumba, ndipo madzi ake adonthera pa mafirizesi."

Anafunsa kuti, "Kuyambira liti?"

"Kuyambira tsiku lomwe munali kwathu kumaliro. Ine ndaona lero."

Anakhala pansi pa sitepe, beseni n'kulivundikira pa mawondo. "Sabata yonseyi," anatero, "ndi manja angawa ndakhala ndikugawira amayi ku mzikiti. Ndi manja angawa." Sanandikalipire, sanandithokoze. Anadzuka n'kuwoloka msewu ndi beseni lopanda kanthu. A Matope anali ataima pakhomo la kantini, ndipo anamva zonse.

M'mawa mwake palibe Msilamu ndi mmodzi yemwe amene anabwera, ngakhale kudzagula sikono yopita nayo kwa mwana. Akuluakulu a ku mzikiti anabwera kudzalankhula ndi bwana mwaulemu, nkhumba inachotsedwa, firiji ndinaitsuka katatu, koma malonda sanabwerere. Anzanga a kumpingo anagawikana. Ena ankati ndachita bwino, ambiri ankati Elube wagulitsa bwana wake chifukwa cha anthu oti si achipembedzo chake, n'kuiwala ana ake. Mawu omalizawo ndi amene ankandibaya, chifukwa inenso ndinkadziuza zomwezo. Mvula isanagwe akuluakulu a bungwe anandiuza kuti ndibwerere ku Mauwa. Kusiya ntchito sikukanatheka chaka cha njala ngati chimenecho, pamene malipiro anga ndiwo ankagula chimanga cha pakhomo.

Tsiku lonyamuka, wa kabaza akumangirira katundu wanga, Abiti anafika pakhomo pathu. Chichokereni tsiku lija tinali tisanalankhulane. Sanakhale pansi. Anati, "Sindinabwere kudzakuthokozani, Che Elube, mtima wanga sunaphole. Koma ana awa akamaweruka kusukulu azidzera kwa ine. Azidya kumeneko, abambo awo aziwatenga madzulo." Ndinayamba kunena za chimene ndingamawapatse, iwo n'kundidula. "Musandinyoze. Pitani, dzuwa likukwera."

Mauwa kachiwiri

Ndinakhala ku Mauwa mpaka kupuma ntchito. Firiji ya parafini ija ndinaipeza ikundidikira, itakalamba ngati ine. Za zaka zimenezo palibe chambiri chonena: kuwiritsa, kusefa, kumanga mfundo, kugwada ndi timiyala. A Matope anachoka patapita chaka, ndipo ndinamva kuti zinawayendera bwino kwina. Sindiwasungira chakukhosi. Chimene simunkadziwa inu n'chakuti Abiti sindinkawalipira, ndiponso sanali wachibale monga munkaganizira. Iwo ndi amene anakulangiza, Tiyamike, utakula chinamwali, ine ndinangomva pakutha pa mwezi. Ndipo ngakhale inu munadya m'mbale zawo zaka zonsezo, iwo sanalawenso firizesi ya m'manja mwanga. Nditapuma ntchito ndinawapangira, n'kukaumitsa m'firiji ya mphwawo yemwe. Analandira ndi manja awiri n'kupatsa adzukulu. Anati akangoona pepalalo amakumbukira tsiku lija, ndipo sindinawakakamize.

Mumandifunsa nthawi zina ngati ndikanachitanso chimodzimodzi. Sindidziwa, ana anga. Pali masiku amene ndimati inde, pali masiku amene ndimati abambo anu ankanena zoona. Ndingokuuzani mtengo wake, popeza ndinaulipira ndine.

Chisomo, iwe izi suzikumbukira. Chaka chachiwiri nditabwerera ku Mauwa unadwala malungo aakulu. Uthenga unandipeza m'mawa, ndinatseka kantini osapempha aliyense, n'kufika kunyumba masana. Ndinakupeza uli pamphasa, thupi likutentha ngati mbaula, ukulira chapansipansi kuti ukufuna amayi. Ndinagwada n'kukugwira pamphumi.

"Ndafika, mwanawe. Amayi ndi ano."

Unatsegula maso n'kundiyang'ana bwinobwino, ndipo unandizindikira. Kenako unatembenukira kukhoma.

"Ayi, osati inu. Amayi a kumsika."

Abambo anu anayang'ana pansi. Ine ndinadzuka, n'kumanga chitenje changa, n'kuyenda padzuwa lija mpaka kumsika kukawaitana.